Buku Lomwe a Dofa Anabwereka

Katoni inafika pa Santhe mwezi wa Meyi,
malole a fodya akudutsa usiku kupita ku okushoni.
Ndinaitsekula ndi mpeni wosendera chinangwa.
M'katimo munali fungo la nyumba za eni, zakutali,
ndi mabuku khumi ndi asanu ndi awiri
amene wina anatopa nawo.

Laibulale yathuyi kale inali chigafa.
Mpaka lero ukalowa umayetsemula fodya.
Mashelefu ndinakhoma ndekha, matabwa a bulugamu,
ndipo chiswe chimabwera kuposa anthu.

Limodzi linali lonenepa, chikuto chakuda, zilembo zagolide:
mbiri za anthu amene anapereka moyo wawo kwa osauka.
Ndinaliwerenga masabata atatu ndi tochi ya foni.
Mayi wina wotola ana amasiye kudziko la chipale,
bambo wina wolowa m'ndende kukawerenga mabala a akaidi,
onse atavala makolala, onse akuyang'ana kumbali
ngati wojambula anawadula ntchito pakati.
Pa tsamba 212 ndinalira, sindibisa.
Kenako ndinaliika pa shelefu n'kupita kukadya.

Palibe analikhudza. Ana a fomu folo amafuna za mayeso.

Mpaka Lachiwiri lina a Dofa Kamchacha analowa,
beseni la zitumbuwa atalisiya pakhomo,
nayamba kupepeza mabuku m'manja limodzilimodzi
monga amayesera maungu pamsika.
"Lolemera kwambiri ndi liti, aphunzitsi?"
M'kaundula anadinda chala.

Zotsalazo ndinamva kwa akabaza.
Ku esiteti ya kuseri kwa dambo kunali matenanti asanu ndi anayi,
a ku Phalombe, a ku Mulanje,
amene fodya wawo anapita, ndalama osabwerako.
Kalaliki ankati ngongole ya chimanga, mchere, sopo, panado
yadya zonse, bola atsale chaka china.
Ana awo ndi aja ankatha zitumbuwa zotsala madzulo,
ndipo mmodzi, Yelemiya wa chifuwa, ankagona kwa a Dofa.

Anavala chitenje chatsopano ndi jekete ya malemu amuna awo,
nakhala pa benchi ya ofesi kuyambira m'mamawa,
bukulo pamiyendo, lotsekula pakati.
Sananene kuti atumidwa ndi a leba. Bodza sananame.
Ankangonyowetsa chala, kutembenuza tsamba,
kuyang'ana kalaliki, kupukusa mutu,
kenako: "Tabwerezani mokweza za sopoyo.
Matabuleti angati? Banja limodzi?"
Akuti bukulo linali chadodolido.
Akuti kalaliki anatuluka thukuta mu Juni.
Tsiku lachitatu mabanja asanu ndi limodzi analandira.
Atatu sanalandire.
Amenewo a Dofa amawatchulabe mayina, akamakazinga.

Analibweza Loweruka, atalikulunga m'jumbo.
Pa tsamba la mayi wa kuchipale uja
pali chidindo cha mafuta, chala chachikulu,
mizere yake yonse ikuoneka ngati munda wolima kumene.
"Muli zotani m'menemu?" anandifunsa.
Ndinati: anthu amene ankathandiza anzawo.
"Ankagulitsa chiyani kuti azidya?"
Ndinatsekula, ndinafufuza uku ndi uku.
Bukulo silinena.

Kumapeto kwake kuli masamba awiri opanda kanthu.
Ndasongola pensulo kawiri, katatu,
ndayesa kuyamba ndi chaka chobadwa, iwo sachidziwa,
akuti ndi chaka chomwe mlatho unakokoloka.
Ndipo akuti ndisachedwe nalo,
alifuna Lolemba, dzuwa lisanakwere:
kutsidya kwa Rusa kuli mtsikana wa sitandade sikisi
amene amalume ake alandirira kale mbuzi ziwiri.