Maola Atatu pa Msewu wa Kum'mwera

Tinapangana maola atatu, mafuta anga, madzi akumwa awo.
Mayi Annelise anakhala kumbuyo, chipewa chachikulu ngati lichero,
amuna awo kutsogolo, mawondo atagunda bolodi,
kamera ili pamimba ngati khanda lokana kutsika.
"Gervásio, utionetse São Tomé weniweni."
Ndinavomera.
Wabodzayo sindidziwa kumene amakhala.

Tinatuluka m'tauni dzuwa lisanakwiye.
Ku Pantufo mabwato anali atabwerako kale,
atagona chafufumimba pamchenga,
nsomba zouluka zitasiya kuuluka m'mabeseni.
Anajambula. Anajambula nkhumba ikusamba m'nyanja.
Anajambula mnyamata amene ndili naye ngongole ya tayala,
ine ndinayang'ana kumbali.

Msewu wathu umatsata gombe ngati galu wotsata nyama,
apa wanunkhiza thovu, apo wathawira m'nthochi,
ndipo maenje ake ndimawadziwa ngati mano anga otsala.

Ku Água Izé anakonda masitepe a chipatala chakale,
mizu itang'amba khoma, mbuzi pakhonde.
"Kukongola kwake!" anatero mayiwo.
Bambo a bambo anga anakwera masitepe amenewo kamodzi,
msana utathyoka ndi matumba a koko.
Izi siziri pa mtengo wa maola atatu.
Ndinangowauza chaka chimene anamanga.

Pa Boca do Inferno nyanja inachita ntchito yake:
kulowa pansi pa mwala wakuda, kugwira mpweya,
kenako phuu! mpaka chipewa chija chinanyowa.
Ndinasimba nthano ya mzungu wa kavalo
amene ankalowa apa n'kutulukira ku Lisboa.
Anaseka malo amene onse amasekera.
Tinamwa kokonati atatu, yanga analipira okha.

Panatsala mphindi makumi anayi.
Ndikanakhota pomwepo, palibe akanadandaula,
koma phazi linapitirira lokha mpaka pa mlatho
umene mtsinje umakumana ndi mchere.

"Ima! Ima!"
Zovala zinali zitayalidwa pamiyala, paudzu,
m'mphepete mwa phula lotentha,
zofiira, zachikasu, zoyera zothobwa m'maso,
amayi ali m'madzi mpaka m'mawondo, akumenya, akufinya.
Bambowo anatsika kamera itadzuka kale.
"Taona yule, wa mpango wobiriwira.
Ngati chithunzi chopachika pakhoma!"

Wa mpango wobiriwirayo ndi Idalécia.
Chiyambire Lachiwiri sitinalankhulane
pa nkhani ya ndalama za denga lodontha.
Chimene ankamenyetsa pamwala ndi mphamvu zotere
ndi malaya anga a buluu, a ku tchalitchi,
ndipo ndinamva kumenyako m'nthiti.

Anadzutsa mutu. Anaona galimoto, anaona alendo, anaona ine.
Sanamwetulire kamera.
Anakweza malayawo m'mwamba, madzi akuchucha,
n'kulowetsa chala pa bowo la m'khwapa
limene ndakhala ndikukana kuti lilipo.

"Akutiuza chiyani?" anafunsa Mayi Annelise.
Ndinati, ndi moni wa kuno.
Iwo anakweza dzanja, n'kugwedeza chala chimodzi,
mtsinje wonse unagwa ndi phwete,
ngakhale Idalécia anabisa pakamwa ndi malaya onyowa.

Pobwerera anagona onse awiri,
mitu ikugwedera limodzi pa dzenje lililonse.
Nyanja inali kudzanja lamanja tsopano, yotuwa, yotopa,
yopanda woijambula.
Pa hotela anandipatsa madobra oonjezera
chifukwa cha mayi wa pamtsinje uja, anatero,
ndiye chinthu chenicheni chimene aona lero.

Ndawerenga kawiri.
Akwana malata awiri, misomali ayi.
Mawa ndidutsanso pa mlathowo wopanda mlendo,
ndiime, nditsike,
ndione ngati malaya aja auma.