Mtengo wa pa Bolodi

Ntchito yanga ndi kufufuta.
Ophunzira akatuluka madzulo ku Mount Pleasant
ndimalowa ndi ndowa ndi chisanza
kudzapha zimene ena alemba.

Lachitatu Dokotala Mashingaidze anasiya mtengo pa bolodi,
mtengo wa choko, wopanda masamba.
Kunsonga za nthambi kuli mayina:
changa, pusi, nyani,
ife kumapeto uko, ngati mlendo wofika mbale zitatsukidwa.
Patsinde anazunguliza mzere wofiira.

Ndinafunsa Nyaradzo akulongedza mabuku, apa ndi pati?
Anabisa kukamwa ndi kope.
"Sekuru, apo m'pamene dzanja linaphunzira
njira yobwerera kwa mwini wake."

Zaka mamiliyoni makumi anayi, akuti.
Kusanakhale moto,
kusanakhale mawu oti manyazi.
Ati mbewu yogonera imatayidwa kuti yatsopano ipeze malo,
monga amayi a pamsika wa Mbare atayira tomato wa dzana.
Ati mpope ukatsukika matenda sakhazikika.
Ati kamphongo konyozeka,
kodikira kuti mwini gulu ayang'ane kumbali,
kamafika katakonzeka kale.
Nanga zazikazi? Ati ofufuza sankafunsa kwenikweni,
masamba amenewo akadali oyera.

Chisanza chinkadonthera pa nsapato zanga.

Ndinakumbukira a Chimkwita, mkulu wa mpingo ku Mabvuku,
akulalikira za kubunyula chala chili m'mwamba:
mudzachita khungu,
m'manja mwanu mudzamera ubweya!
Zaka makumi atatu ndakhala ndikusuzumira zikhatho zanga m'kombi.
Kani ubweyawo unali kumbuyo,
kwa makolo a m'mitengo.

Ndinakumbukiranso bambo a bambo anga ku hositelo ya Matapi,
machona asanu ndi atatu chipinda chimodzi,
akazi awo ali ku Ntcheu, kalata miyezi iwiri panjira,
aliyense atatembenukira kukhoma,
kutsokomola dala kuti bedi lisamveke,
m'mawa kupatsana moni osayang'anana.

Nachisale wanga ali ku Joni, mwezi wachisanu ndi chinayi uno.
Magetsi kwathu amathawa dzuwa lisanalowe.
Zina sindinena.

Ndinafufuta masamu, ndinafufuta tsiku,
ndinakolopa mpaka pakhomo.
Mtengo ndinausiya.

M'mawa kapitawo anandidula madola awiri.
Padenga la labu pusi ankawothera dzuwa, miyendo tasa,
mbale wanga wosadziwa bwalo la milandu,
ndipo sanandiyang'ane n'komwe.