Lachinayi ku Mattancherry

Mwana wanga Aleyamma ananditumizira botolo kuchokera ku Dubai,
lakuda bii, lolemera ngati mwala wa pasikelo.
Mtengo anaufuta ndi cholembera,
koma nditaunika pawindo ndinauwerenga:
penshoni yanga ya miyezi iwiri.

Ndinapopera kamodzi padzanja, kawiri pakhosi.
Chiyambi chake n'chipongwe chokhachokha.
Tsabola wakuda anandiwomba mbama m'mphuno,
ndimu wowawasa akumuthamangira pambuyo.
Ndinayetsemula katatu,
mphaka n'kutsika pampando, kutuluka osacheuka.
Ndinati: ndalama za mwana zalowa m'madzi.

Kapepala ka m'bokosi kankati fungo lenileni limabwera mochedwa.
Ndinavala malaya oyera,
n'kukwera boti la naini koloko pa Ernakulam.
Tili pakati pa madzi, mphepo itatembenuka,
tsabola uja anakhala pansi, n'kupinda miyendo.
Sinamoni analowa monyang'ama
atagwirana dzanja ndi jinja wouma,
ndipo kumbuyo kwenikweni, ngati munthu wodikira pakhomo,
kunali chikopa chakale ndi kautsi ka lubani.
Mnyamata woona matikiti anakweza mphuno:
"Bwana, kuli ukwati kodi?"
Zaka makumi atatu ndi zinayi ndikuwerenga ndalama za eni m'banki
palibe ananditchulapo bwana ndi mawu ofewa chotero.
Ndinawongola msana.

Dzuwa la masana silidziwa za ulemu.
Pofika kunyumba ya masisitere, malaya anali atamatirira,
thukuta litasakanikirana ndi madzi a ku Paris aja.
Mlongo wanga Kunjannamma anali pakhonde,
maso ake oyera ngati mkaka wa kokonati,
zala zikuyenda pa kolona.
Ndisanapereke moni anatembenuza mutu.
"Mwaweruka msanga lero, ababa.
Matumba atha?"

Ndinaima.

Bambo athu, Ouseph, anasenza tsabola pamsana
kuchoka m'mabwato kukalowetsa m'nkhokwe za amalonda
mpaka khosi linapindika ngati mbedza yawo yokokera matumba.
Ankabwera madzulo atanyamula msika wonse pathupi.
Sopo ankalephera. Madzi a pachitsime ankalephera.
Mpunga umene anaugwira unkayabwa pa lilime.
Ine, mwana wa sukulu wa nsapato zopolisha,
ndikawaona akubwera ndi kansalu paphewa
ndinkawolokera tsidya lina la msewu
kuti anzanga asanunkhize kumene fizi yanga inkachokera.

Lero anthu a majasi oyera, kutali uko,
alitsekera m'galasi fungo lomwelo,
alipatsa dzina lovuta kutchula,
ndipo ine ndalivala pakhosi ngati mendulo.

"Atha," ndinamuyankha. "Onse atha."
Anagwira dzanja langa, n'kuliyika pamphuno,
n'kupuma nthawi yaitali.
"Simunasute lero," anatero. "Mwachita bwino."

Tsono mukafuna chigamulo changa, nachi.
Amakhalitsa: maola asanu ndi anayi pakhungu,
pa kolala mpaka tsiku lochapa.
M'nyengo yotentha ngolemera, kupopera kawiri n'kokwanira.
M'basi yodzaza mudzadana ndi anthu.
Mtengo wake ndi umbava wovala tayi.
Ndipo opangawo anaiwala mchere.
Anaiwala ulusi wa chiguduli, fumbi la m'nkhokwe,
ndi kafodya kopichira m'tsamba kotsomeka kukhutu.
Mcherewo uyenera kuthira wekha,
uyende pansi, dzuwa likuphike,
apo ayi wangovala theka la munthu.

Usiku Aleyamma anaimba foni.
"Mwamukonda perefyumu uja?"
Ndinati: ngodula, usadzabwerezenso.
Anaseka, podziwa bambo ake.

Botolo lili pamwamba pa kabati, kuseri kwa mankhwala a shuga.
Kutchalitchi sindipopera. Kumaliro ayi.
Lachinayi lokha,
ndipo boti likakocheza sindikweranso njinga yamoto.
Ndimayenda wapansi, kudutsa nkhokwe zija
zimene tsopano amagulitsiramo khofi kwa alendo,
mbali yomweyo ya msewu
imene ankadutsa iwo.