Mame Amene Sanakamuke

Ndimayambira kusesa kumpanda wa kunyanja,
kumene mchere wanyambita zilembo pamiyala.
Zaka makumi awiri ndi zitatu tsache lili m'manja,
manda ano a ku Mahébourg ndimawadziwa
monga mayi adziwira kapumidwe ka ana ake mumdima.

Apa pagona Ah-Fook, wa sitolo ya pamphambano.
Anatsika sitima ndi malaya amodzi,
nakalamba akukongoza mpunga ndi nsomba zouma
kwa odula nzimbe, kulipira pokolola.
Adzukulu ake amabwera mu Epulo ndi malalanje atatu,
amatentha ndalama zoseweretsa,
utsi n'kulowera ku China,
phulusa n'kundisiyira ine.

Uko kuseri kwa bwemba
kuli mwala wa nsangalabwi wa mwini esiteti,
dzina lalitali ngati mzere wa nzimbe.
Namondwe wa chaka chija anathyola phiko la mngelo wake.
Mpaka lero palibe wadzafunsa.

Mayi anga anali a kwa Soobrayen.
Kholo lawo linachoka ku Madras litauzidwa kuti
kuchilumba ukagubuduza mwala umapeza golide.
Linagubuduzadi miyala, yakuda bii,
zaka zisanu za pangano zinabala zina zisanu,
milu yake ikadalipo pakati pa minda.
Golideyo anali woyera, wotsekemera,
ndipo anapita ndi sitima m'matumba.

Bambo anga dzina lawo ndi Lundi, ndiko kuti Lolemba.
Si mfunda umenewo,
si phiri, si mtsinje wa kwawo kwa munthu.
Ndi tsiku limene mlembi wina anaviika nthenga mu inki,
nayang'ana mwamuna wa zipsera za unyolo m'akakolo,
nasowa chomutcha.
Pambali pake analemba liwu limodzi: Mozambique.
Midzi yonseyo, zinenero, nyimbo za pamaliro,
zonse m'liwu limodzi.
Manda ake sindinawapeze.
N'chifukwa chake ndimasesa paliponse
pamene nthaka yatitimira popanda mwala.
Mwina ndi pomwepo.

Dzulo kunabwera mnyamata wa ku yunivesite,
foni ili pakamwa panga ngati akundimwetsa mankhwala.
Akuti, Mayi, kwanu kwenikweni n'kuti?

Ndinati, mwanawe,
eni nthaka kuno anali afulu ndi mbalame zosauluka,
ndipo amalinyero anadya onse.
Otsalafe ndife obwera.
Wina anadza ndi mfuti, wina m'maunyolo,
wina atadinda chala papepala losaliwerenga,
wina ndi sikelo m'kathumba.
Amati mlendo ndi mame, sachedwa kukamuka.
Kuno dzuwa linatuluka, linaswa mtengo,
mame osakamuka.
Analowa pansi.
Tafuna nzimbe, umve.

Analemba, koma sindikudziwa ngati anamva.

Sindinamuuze za Désiré, mwana wanga,
amene amakonza mafiriji ku Perth,
kapena za mdzukulu amene ndikamuyankhula Chikiliyo pafoni
amacheukira bambo ake.
Sindinamuuze kuti nyanja imene inatilavula
yayambanso kutimeza mmodzimmodzi,
tsopano podzera pabwalo la ndege.

Ndinangomuonetsa manda atsopano, kumapeto, pafupi ndi mpope.
Mnyamata wa ku Bangladesh, wosoka malaya kufakitale,
anagwa pamakina mwezi watha.
Anzake asanu ndi awiri anamunyamula pa nthawi yopuma,
anayang'anitsa nkhope yake ku Maka,
nathamangira basi, belu lisanalire.
Pathabwa dzina analilakwitsa,
wina wakonza ndi bolopeni.

Dothi lake silinakhazikike.
Nyerere zayamba kale kulowa ndi kutuluka,
udzu wa kuno ukuyesa mizu.
Ndimamusesera ngati enawo,
kuyambira kumutu,
ndipo ndikafika kumapazi ndimamuuza kuti,
Takulandirani.
Tonsefe tinkati tikungodutsa.