Ndafa Kasanu N'kawiri

Ndafa kasanu n'kawiri pa kanema
koma bokosi sanandigulirepo.
Ankandikulunga mu mphasa ya eni nyumba,
mphasayo n'kubweza madzulo.

Poyamba ndinali namwali, ku Bangula,
Zuze atabwereka kamera ya maukwati.
Anati, Filipina, yenda ngati wakanidwa.
Ndinayenda. Mbuzi inadutsa pakati.
Tinabwereza, batire n'kutha,
thukuta litakokolola phauda yense.
Malipiro anali chakumwa chofunda ndi ya kabaza.

Kenako magawo anakalamba nane:
mkazi wachiwiri, nesi wokalipa, apongozi.
Chaka chomwe ndinasewera mfiti
ana a pa msika wa Ngabu anathawa masawu anga,
dengu lonse n'kuwola,
abusa n'kubwera kudzafunsa monong'ona
ngati lichero lija linaulukadi.
Linali pa chingwe, abusa. Ankakoka ndi Zuze.

Anyezi sindinamupakepo m'maso.
Ndinkangokumbuka usiku wa madzi ku Makhanga,
tili khumi ndi awiri pa denga limodzi,
Ruo atalowa m'nyumba osaodira
natenga mbuzi, thonje, ndi katoni ya masidi.
Zaka khumi ndi zisanu za nkhope yanga
zinayandama kulowera ku Mozambiki.
Kaya ng'ona zinaonera.

A mu tauni anatsika kamodzi ndi galimoto yoyera,
nati Chichewa changa chikununkha Chisena.
Ndinati takhuta,
mlamba supepesa fungo la dambo lake.

Zuze tinakamuika kwa Tengani, m'bokosi lenileni.
Amayi onse ankandiyang'ana ine,
katswiri wa maliro,
koma m'maso munali gwaa.
Panalibe wondiuza kuti yamba.

Dzana ku Nchalo ndinaima pa khomo la vidiyo.
Odula nzimbe, mwaye uli m'makutu,
ankaimbira mluzu mtsikana wa diresi lachikasu,
sidi ikudumphadumpha.
Mnyamata wa pa khomo anati, amayi, lipirani.
Ndinalipira. Ndinakhala kumbuyo.
Amayenda bwino mwana uja.

Mdzukulu wa Zuze amajambula ndi foni,
akuti filimu yonse imalowa m'kanthu ngati chikhadabo.
Mawa ndifanso, kachisanu n'chitatu.
Mawu ndaloweza kale, alipo anayi okha.
Ndangomupempha ziwiri:
andigoneke pa mthunzi wa mtondo,
ndipo ayambe wasesa linthumbu.
Mtembo wa zaka zanga
suchedwa kudzikanda.