Sikelo ya ku Kamwendo

Miyezi isanu ndaima pansi pa mbedza ya sikelo
pa depoti ya a Chikadza, kuno ku Kamwendo,
kukoleka matumba a mtedza ndi soya,
kudikira kamuvi kaleke kunjenjemera,
kufuula nambala kuti mlimi adzimvere yekha.
Sindinabepo ngakhale theka la kilo.
Kafunseni mayi Nasiketi,
aja amabwera ndi sikelo yawoyawo m'maso.

Koma thumba langa silinakolekedwepo.

Epulo anati lole ya ku Lilongwe yachedwa.
Meyi anati kubanki kwavuta netiweki.
Juni anandigwira paphewa:
"Yotamu, iwe ndi mwana wa pakhomo,
mwana sawerengera bambo ake masiku."
Julayi sanatsitse n'komwe galasi la galimoto.
Ogasiti ndinangomva fumbi m'mano.

Nanga masiku khumi ndi anayi aja ku Mkanda,
ndikugona pamatumba, makoswe akundiyenda kumaso,
ndikudya chimanga chootcha cha ndalama yangayanga?
Anati alawansi ikupeza ukabwerako.
Ndinabwerako.
Kaya inatsika lole panjira kukataya madzi,
mpaka lero sinafike.

Eni nyumba anazula chitseko n'kupita nacho.
Tikugona kuseri kwa chiguduli,
chiguduli cholembedwa dzina la a Chikadza.
Foni ya Esinati ili pa pinyolo.
Lifinesi anamubweza kusukulu Lolemba,
wakhala pakhonde ndi yunifolomu yake
ngati belu limuitanabe.

Chimene bwana anaiwala n'chakuti
anandilemba ntchito yolemba.
Ndili ndi kope lachikuto chofiira,
kutsogolo makilo a anthu,
kumbuyo masiku anga:
tsiku, ola lolowa, ola lotuluka,
usiku uliwonse wa ku Mkanda uli ndi kamtanda kake.

Lachiwiri ndinakwera njinga yamoto ya ngongole
mpaka ku boma, ku ofesi ya leba.
Pabenchi tinalipo asanu ndi mmodzi,
mlonda, aganyu awiri a pa esiteti,
mtsikana wogulitsa m'shopu ali ndi mwana kumbuyo,
wina sananene kanthu, amangopinda chipewa.
Tonse nsapato zotuwa mofanana.

Mayi wa mu ofesimo, magalasi omanga ndi ulusi,
anafunsa za kalata yolembedwera ntchito.
Ndinati ndilibe, tinangogwirana chanza.
Mtima unati basi, wapita pachabe.
Iwo anatsegula kope langa,
kunyowetsa chala, tsamba ndi tsamba.
"Ntchito munagwira?"
Ndinagwira.
"Ndiye malipiro si chifundo, bambo,
si nsembe ya kutchalitchi yoti munthu apereke akakondwa.
Ndi ngongole.
Pangano lapakamwa nalonso lamulo limalimva.
Akakana kuno, kuli khoti la zantchito."

Chidindo chinalira patebulo, phaa!
Kwa miyezi isanu
sindinamvepo mawu okoma ngati amenewo.

Kalatayo ndinakapereka ndekha.
Anali pa foni, akuseka ndi wina za mtengo wa soya.
Kapepala kopepuka ngati khoko la mtedza,
koma ine ndi munthu wa sikelo,
ndinaona dzanja lawo likutsika.

"Wandipititsa ku boma, iwe?
Amene ndinakutola ukungoyenda pamsika?"
Ndinati munanditola, zikomo,
koma chotola nachonso chimadya.

Atiitana Lachisanu, naini koloko.
Sindikudziwa ngati adzabwere.
Chitseko sichinabwerere,
wa njinga akundidutsira pakhomo kawiri patsiku
osalankhula, kungoliza hutala.
Esinati wandichapira malaya oyera aja,
wasita ndi makala obwereka.

Dzulo usiku Gelesomu, mlonda wa padepoti,
amene wakhala chaka akulandira mawa,
anabwera mozemba, tochi atazimitsa.
Anakhala pa njerwa, kukanda kumutu,
kufunsa za mvula, za mpira, za matenda a nkhumba.
Potsanzika ndiye anati,
"Kope lija, achimwene,
amagulitsa zingati?"