M'mphepete mwa Chithunzi

Sukulu yanga inali chisakasa cha vidiyo kwa M'baluku.
Ndinkasesa makoko a mtedza anthu akatuluka,
tepi ikatafunidwa ndinkaikulunga ndi bolopeni.
Malipiro anga: kuonera ulere, chiimire, kuseri kwa chitseko.

Kamera yoyamba inali ya Che Ajusa,
yochokera ku Joni, batire lake lomanga ndi mphira.
Ndinajambula nayo maukwati makumi anayi.
Ambiri mwa iwo anatha kalekale,
koma m'tepi mkwatibwi akugwetsabe nkhope,
azakhali akuimbabe nthungululu.

Kenako Blantyre, wailesi ya kanema.
Ndinaphunzira kuyeza kuwala ngati mchere wa pamsika,
kudikira mtambo usunthe,
kuuza munthu wamkulu ndi ndevu zake:
bwererani, mulowenso, simunalire bwino.
Ndipo ankabwereradi.
Dzina langa linkakwera kumapeto
oonera atanyamuka kale kukatseka nkhuku.

Zaka makumi atatu, diso limodzi chitsinzinire.
Lotsegulalo ndi limene lachita ng'ala.

Ndabwerera kwathu. Pamlatho akabaza amandiimbira belu,
sadziwa kuti pomwepa ndinagonapo chafufumimba
m'bandakucha wina wa mu Juni,
kudikira nkhungu ya pa Shire
indibwereke bwato limodzi lokha.

Lero Asiyatu, mwana wa mlongo wanga, wandifunsa:
Amalume, agogo ankaoneka bwanji?
Ndasanthula makatoni onse.
Muli osewera mpira, muli ng'ona ija inagwidwa kwa Mpondasi,
maliro a anthu osawadziwa,
sewero langa lija la magawo makumi asanu.
Amayi mulibe.
Ankati: chotsa chinthu chakocho, ndavala chitenje chakumunda.
Ine ndinkati: chabwino, ulendo wina,
ndidzabwera ndi nyali zabwino.

Tawapeza usiku uno, m'tepi ya ukwati wa eni ake.
Kumanzere, m'munsi, masekondi anayi:
dzanja lokha, likupatsira mkwati kapu ya thobwa,
chibangili chamkuwa,
chipsera cha mafuta a mandasi pachala chachikulu.
Ndinawadula ndekha tsiku limenelo
kuti keke ikhale pakati.

Asiyatu waimitsa chithunzi pomwepo.
Ine sindikuona bwino, ndasendera
mpaka mphuno yagunda galasi.
Bwezanso, mwanangu.
Pang'ono pokha.
Bwezanso.